Kuwerenga X-ray ya pachifuwa: "mtima wakula" ndi "iyi ndi TB"

X-ray ya pachifuwa imaonetsa mithunzi basi. Mpweya umaoneka wakuda, mafupa oyera, madzi ndi minofu zotuwa. Pa zonse zimene ndaphunzira za zithunzizi, ndimaika patsogolo funso limodzi: kodi chithunzichi chinajambulidwa bwino? Zigamulo ziwiri zimene zimapulumuka msanga pakamwa pathu, "mtima wakula" ndi "iyi ndi TB", zimalakwika kawirikawiri chifukwa chodumpha funso limeneli.

Chithunzi chodalirika ndi cha PA, chojambulidwa kuchokera kumsana. Wodwala amaimirira, chifuwa chitagunda pa plate yolandira chithunzi, manja m'chiuno, zigongono zitakankhidwira kutsogolo kuti mafupa akumbuyo kwa mapewa asaphimbe mapapo, ndipo makina amakhala kumsana kwake pa mtunda wa masentimita 180. Poti mtima uli chakutsogolo m'chifuwa, umayandikana ndi plate ndipo mthunzi wake sufutukuka kwenikweni. Wodwala amene sangathe kudzuka pabedi amajambulidwa AP, makina ali kumaso kwake ndiponso pafupi. Pamenepo mtima watalikirana ndi plate, mthunzi wake umakula. Lamulo loti m'lifupi mwa mtima musapitirire theka la m'lifupi mwa chifuwa, poyeza mkati mwa nthiti, ndi la PA yokha. Mtima ukaoneka waung'ono pa AP mutha kukhulupirira, koma ukaoneka waukulu musalembe kanthu m'fayilo.

Kenako werengani nthiti. Munthu amene wakoka mpweya mokwanira amaonetsa nthiti zakutsogolo pafupifupi 6, kapena zakumbuyo 9 mpaka 10, pamwamba pa diaphragm, mnofu wolekanitsa chifuwa ndi mimba. Akakoka pang'ono, mwina chifukwa cha ululu kapena sanamve bwino malangizo, mtima umagona chopingasa n'kuoneka wotakata, mitsempha yakumunsi kwa mapapo imathithikana, ndipo wowerenga amaona chibayo pomwe palibe. Onaninso nsonga zamkati za mafupa awiri a clavicle, opingasa pansi pa khosi aja: zitalikirane mofanana ndi mzere wa msana. Wodwala akapendekeka, phapo limodzi limada kuposa linzake. Pomaliza, mafupa a msana azioneka pang'ono kuseri kwa mtima. Akapanda kuoneka, chithunzicho n'choyera kwambiri ndipo chibayo chakumunsi kwa phapo lakumanzere chingabisale pamenepo.

Tinene kuti chithunzi n'chabwino ndipo mtima wakuladi. X-ray siingasiyanitse mnofu wa mtima ndi madzi ouzungulira, chifukwa zonse zimatuwa mofanana. Izi n'zofunika kwambiri kuno kwathu, kumene TB ndi imene imayambitsa kawirikawiri madzi m'kathumba kokuta mtima, makamaka mwa anthu amene ali ndi HIV. Mtima wotere umaoneka wobulungira, m'mbali mwake mosalala, koma mapapo akuoneka abwinobwino. Mtima wotopa ndi kuthamanga kwa magazi umabwera ndi zizindikiro zina: mitsempha yakumtunda kwa mapapo imanenepa kuposa yakumunsi, timizere tifupitifupi ta Kerley B, ta sentimita 1 kapena 2, timaoneka chopingasa m'mphepete chakumunsi, ndipo zikafika poipa madzi amayera mbali zonse ziwiri kuchokera pakati. Kwa wachinyamata wa befu amene ankadwala zilonda zapakhosi ali mwana, ganizirani valve ya mitral yowonongeka, kachitseko kapakati pa zipinda ziwiri zakumanzere kwa mtima: chipinda chakumtunda chakumanzere chimakula, mbali yakumanzere ya mtima imawongoka, ndipo mphanda ya njira ya mpweya imatakasuka kupitirira madigiri 90. Onse atatuwa akufunika sikani ya mtima. Kumwetsa furosemide wambiri, mankhwala okodzetsa, munthu amene mtima wake wapanikizidwa ndi madzi kungagwetse BP yake, pomwe iye akufunika kuchotsedwa madziwo ndi kuyamba mankhwala a TB.

M'mapapo muli njira yosavuta yodziwira malo a chibayo. Mbali ya mtima imaoneka chifukwa yagundana ndi phapo lodzaza mpweya. Mbali yakumanja ikafufutika, vuto lili m'chigawo chapakati cha phapo lakumanja. Diaphragm ikafufutika, lili m'chigawo chakumunsi. Madzi apakati pa phapo ndi nthiti amayamba kudzaza kangodya kamene diaphragm imakumana ndi nthiti, koma pa PA pamafunika mamililita pafupifupi 200 kuti aoneke. Wodwala akajambulidwa chogona, madziwo amayalana kumsana ndipo mbali yonse imangochita chifunga. Za mpweya wotulukira kunja kwa phapo ndingonena chimodzi: munthu akamabanika, BP ikugwa, mbali imodzi sikumveka kupuma, si nthawi yomukankhira ku X-ray, ndi nthawi yobaya singano pachifuwa kuti mpweyawo utuluke.

TB ndiyo imafuna kudekha kwenikweni. M'mabuku timaiona kumtunda kwa mapapo, ili ndi mphako za makoma okhuthala. Maonekedwe amenewa amafuna chitetezo cha m'thupi chimene chikadali ndi mphamvu, poti mphakozo zimabwera pamene thupi likulimbana ndi tizilombo. CD4, muyeso wa chitetezocho, ikatsika kwambiri, TB imaoneka kumunsi ngati chibayo wamba, kapena ngati zotupa za mwanabele pakati pa chifuwa, kapena timadontho ta mamilimita 1 mpaka 3 tomwazika mapapo onse ngati mawere otayikira pamphasa. Timadontho timeneti simungatione mutaima patali. Yandikirani, kulitsani chithunzi pa kompyuta, muyang'ane pakati pa nthiti chakumunsi. Nthawi zinanso chithunzi chimaoneka chabwinobwino koma makhololo ali ndi TB. Choncho wodwala wa HIV amene akutsokomola, kuwonda ndi kutuluka thukuta usiku asabwezedwe kunyumba chifukwa X-ray yaoneka bwino. Makhololo apite ku makina oyezera TB a GeneXpert, njira imene WHO inavomereza mu 2010 ndipo imatulutsa zotsatira m'maola awiri, ndipo wodwala kwambiri ayezedwenso mkodzo pa LAM, kachipangizo kofufuza TB mumkodzo.

Mbali inayo, kunena kuti ndi TB pomwe palibe, ndi yopweteka mofanana. TB yochira imasiya zipsera, mphako ndi phapo lokwinyika moyo wonse, ndipo munthu wotere akabwera ndi chifuwa amalembedwanso miyezi 6 ya mankhwala chifukwa cha chithunzi chokha. Funsani chithunzi chakale muziike pamodzi. Zipsera sizisuntha, TB yamoyo imasintha. Ngakhale mapulogalamu a kompyuta owerenga X-ray, amene WHO inalola mu 2021 pofufuza TB mwa anthu a zaka 15 kupita m'tsogolo, amapereka nambala yokwera, ngati ya TB, pa zipsera zakale. Ntchito yawo ndi kusankha oti apereke makhololo.

Kwa abambo achikulire funsani za ntchito: "Bambo, munagwirapo kumigodi?" Ambiri amene anapita ku Joni kudzera ku Wenela anapuma fumbi la miyala m'migodi ya golide, ndipo silicosis, nthenda ya mapapo yobwera ndi fumbilo, imatha kuonekera patapita zaka zambiri munthu atabwerera kumudzi. Imaonetsa timadontho tobulungira kumtunda kwa mapapo onse awiri, nthawi zina ndi mwanabele wokhala ndi mzere woyera wopyapyala m'mphepete. Mankhwala a TB saichotsa, koma imachulukitsa mwayi wodwala TB, ndiye bambo wotere aziyezedwa makhololo nthawi iliyonse chifuwa chikasintha kapena akayamba kuwonda.