Kanema wa Expo: funsani kaye kuti ndalama anapereka ndani

Makanema ofotokoza zionetsero za mayiko onse, zotchedwa Expo, zimene zinachitika Nkhondo Yachiwiri ya Dziko Lonse itatha amaoneka ngati mboni zosakondera, koma ambiri anali otsatsa dziko kapena kampani. Musanalembe kalikonse m'kope, pitani kumapeto kwa kanemayo muwerenge mayina, muone amene anatulutsa ndalama.

Kenako onerani kawiri. Koyamba tsekani mawu, lembani zimene kamera ikuonetsa ndi mphindi yake. Kachiwiri mverani wofotokoza. Pamene maso ndi makutu asemphana, nkhani yagona pamenepo.

Tengani Expo 58 ya ku Brussels, yomwe inatsegulidwa pa 17 Epulo 1958. Kamera imakonda Atomium, chinsanja cha mipira isanu ndi inayi chotalika mamita 102, kwinaku wofotokoza akutamanda mtendere ndi mgwirizano wa mayiko. Komatu pabwalo lomwelo America ndi Soviet Union ankapikisana mwakachetechete, a Soviet akunyadira Sputnik, setilaiti yoyamba kutumizidwa mumlengalenga. Chowawa kwambiri n'chakuti atsamunda a ku Belgium anamanga mudzi wongoyerekezera, n'kuikamo anthu a ku Congo kuti alendo aziwaonerera kuseri kwa mpanda. Ena ankawaponyera nthochi ndi ndalama, mpaka anthuwo anachoka chionetsero chisanathe. Congo inalandira ufulu pa 30 Juni 1960, patangopita zaka ziwiri. Zoterezi kanema wolipiridwa ndi mwini chionetsero sangazitchule, n'chifukwa chake nyuzipepala za nthawiyo ziyenera kukhala pambali panu.

Vuto lina ndi la sikirini. Makanema ambiri opangira m'zionetserozi sanali a sikirini imodzi. Ku Brussels, kanema wa Disney wa mtundu wotchedwa Circarama anajambulidwa ndi makamera 11 ndipo ankazungulira oonera mbali zonse. Ku Montreal mu 1967, bungwe la National Film Board of Canada linaonetsa In the Labyrinth pa masikirini asanu osanjidwa ngati mtanda. Mukapeza kanemayu pa intaneti, zithunzi zisanuzo zapanikizidwa malo amodzi, ndiye ndi kosavuta kunena kuti kanemayo ndi wosokonekera pomwe cholakwa ndi foni yanu. Lembani nthawi zonse mtundu umene mwaonera ndi chaka chimene unatuluka.

Ena mwa amene anagwira ntchito ku Montreal, monga wopanga makanema Roman Kroitor, anatopa ndi mapulojekita ambiri ovuta kuyendetsa limodzi. Anafuna imodzi yaikulu, ndipo kanema woyamba wa IMAX (luso loonetsa pa sikirini yaikulu kwambiri ndi pulojekita imodzi), Tiger Child, anaonetsedwa pa Expo ya ku Osaka, ku Japan, mu 1970.