Ulendo wathu wa ku MCG ndi nkhani ya Jim Stynes

Masukulu atatsekera, gulu lathu la Amalawi okhala ku Geelong m'dziko la Australia linakwera sitima ya V/Line kupita ku Melbourne. Amene anaumiriza ulendowu ndi ana athu. Kusukulu akusewera mpira wa kuno umene eni dziko amautcha footy, ndipo ife makolo tikapita kukaonerera timangoomba m'manja osadziwa chachitika. Tinasintha sitima pa Southern Cross n'kukatsikira pa Richmond, bwalo la MCG (Melbourne Cricket Ground) lili poteropo.

Wotionetsa malo anatilowetsa mpaka m'mphepete mwa kapinga. Bwaloli mumalowa anthu pafupifupi 100,000. Anatifotokozera mwachidule: osewera 18 mbali iliyonse, mpira wooneka ngati dzira, mitengo 4 kumapeto. Ukaumenya n'kudutsa pakati pa mitengo iwiri yaitali wapeza mapointi 6, ukadutsa cham'mbali pointi 1. Anawo ankangogwedeza mitu, zonsezi amazidziwa kale.

Pamene tinakhalitsa ndi panja, pa chipilala cha Jim Stynes chimene anachiimika mu 2014. Ine ndinkayesa ndi mbadwa ya kuno, koma ayi. Anabadwira ku Dublin m'dziko la Ireland mu 1966, ndipo kwawoko ankasewera mpira wina wotchedwa Gaelic. Timu ya Melbourne inamuitana mu 1984 ali ndi zaka 18, asanasewereko footy ndi kamodzi komwe. Anayamba ndi kuphunzira malamulo ngati mwana wamng'ono, ndipo mu timu yaikulu analowamo mu 1987.

Chaka chomwecho ndiye chinamugwera chimene chinandikhudza mtima. Melbourne inkasewera ndi Hawthorn, opambana akapite ku fainolo imene Melbourne inali isanafikeko chichokere 1964. Nthawi ikutha Melbourne ikutsogola, oyimbira anapatsa Gary Buckenara wa Hawthorn mwayi womenya mpira ali kutali ndi golo. Stynes, pothamangira kukatchinga wosewera wina wa Hawthorn, anadutsa malo oletsedwa pakati pa womenyayo ndi womulondera. Oyimbira anasendeza Buckenara mamita 15 kutsogolo, iye n'kuchinya, Hawthorn n'kupambana ndi mapointi 2.

Apa a tcheyamani athu anangoti kakasi. Mayi ena achikulire, amene anafika kuno ana awo ali akhanda, ananena motsitsa mawu kuti manyazi otere amawadziwa: kulakwitsa pagulu lamulo limene eni mudzi anabadwa nalo, anthu onse maso ali pa iwe. Palibe anawayankha chifukwa aliyense wa ife ali nayo yake, wina ya kuntchito, wina ya kuchipatala, wina ya pamsewu.

Stynes sanabwerere kwawo. Mu 1991 analandira mendulo ya Brownlow, imene imapita kwa wosewera bwino koposa onse m'chakacho. Anasewera magemu 244 motsatizana osajomba, zimene panalibe wazifikira mu ligi yaikulu ya footy mpaka Jack Crisp wa Collingwood atazipitirira mu 2025, ndipo popuma mu 1998 onse pamodzi anali atakwana 264. Tsono pamalo pake, pa ruck, si pocheza: ndi kudumpha n'kumagundana ndi zimphona zinzako nthawi iliyonse mpira ukaponyedwa m'mwamba. Magemu ena ankawasewera ali wovulala. Pamenepa ine monga kholo ndinachita mantha, sindingafune mwana wanga azibisa ululu kuti asaphonye gemu.

Akusewerabe, mu 1994, iye ndi mnzake anayambitsa bungwe la Reach lothandiza achinyamata. Mu 2008 anakhala pulezidenti wa timu ya Melbourne ili m'ngongole, n'kutsogolera ntchito yoiwombola. Chaka chotsatira anamupeza ndi khansa, ndipo anamwalira pa 20 Malichi 2012 ali ndi zaka 45. Boma la Victoria linamuchitira maliro aulemu m'tchalitchi chachikulu cha St Paul's.

M'nyumba yosungira mbiri ya masewera tinangodutsamo mothamanga, njala itawapweteka ana. Tinadyera kamba wathu pa kapinga wa Yarra Park, mpunga ndi nkhuku zimene amayi anaphika mbandakucha. Pobwerera m'sitima mwana wanga wamkazi anatenga botolo la madzi ndi nsapato yake n'kuziika pansi motalikirana, kundionetsa pamene Buckenara anaima, pamene womulondera anaima, ndi mpata umene Stynes anadutsa. Bambo ena a m'gulu lathu anamupempha kuti abwerezenso, nawonso amvetse.