Nsapato zanga zinatsala ku Ta Phin

Nsapato zomwe ndinavala ponyamuka ku Hanoi sindinabwere nazo ayi, ndinazisiya pakhonde la nyumba ina m'mudzi wa Ta Phin, kufupi ndi Sa Pa ku Vietnam, zitauma gwa ndi dongo moti kuzichapa kukanangokhala kutaya sopo. Ndayamba ndi nsapato dala, chifukwa aliyense amene waona zithunzi zanga akungofunsa za minda ya mpunga yokwera phiri ngati masitepe ija, palibe ndi mmodzi yemwe amene wafunsa kuti nanga unayendamo bwanji mmenemo. Ndiye lero ndinene za kuyendako.

Sa Pa ndi katauni ka kumpoto kwa Vietnam, m'chigawo cha Lao Cai, kufupi ndi malire a China. Ine ndinakwera sitima ya usiku yokhala ndi mabedi, maola pafupifupi 8, kenako kaminibasi kokhotakhota m'phiri kwa ola limodzi mpaka kufika pamwamba, mamita ngati 1,500 kuchokera pa nyanja. Ena amakwera basi chifukwa chitsegulireni msewu waukulu wa Hanoi kupita ku Lao Cai mu 2014 ulendowu unafupika, maola 5 kapena 6 wafika. Tauniyo payokha sinandigwire mtima, ndisaname. Afalansa ankathawirako kutentha nthawi ya utsamunda ndipo tchalitchi chawo chamiyala chilipo mpaka lero, koma pano chazunguliridwa ndi mahotela ndi phokoso la omanga mahotela enanso. Phiri la Fansipan, lalitali kuposa onse mu Vietnam, mamita opitirira 3,100, kale ankalikwera masiku awiri kapena atatu, koma kuyambira 2016 pali cable car, ngolo yoyenda pa chingwe m'mwamba, yomwe imakakutula kufupi ndi nsonga utavala masilipasi. Sindinapiteko. Tsiku limenelo kunali chifunga choti ukanalipira ndalama zonsezo kuti ukaone chifunga chomwecho uli pamwamba.

Otitsogolera anali mayi achi Hmong, mwa aja amatchedwa Black Hmong chifukwa zovala zawo ndi za buluu wodera ngati wakuda. Alendo amangowaitana kuti Mama, nanenso ndinatero. Aafupi, dengu kumsana, majombo kuphazi, ambulera m'manja. Chingerezi chawo anachitola pamsewu pomvera alendo, kusukulu sanapite patali, koma amalankhula chi Hmong, chi Vietnam ndi Chingerezi mosinthasintha ali pa foni akutsetsereka mtunda womwe ine ndimatsika chokhala pansi. Otsogolera ambiri kumeneko ndi azimayi, azibambo amakhala kumunda kapena pa njinga zamoto kunyamula zikwama za alendo. Boma la Vietnam limawerenga mitundu ya anthu 54, ochuluka kwambiri ndi a Kinh, ndipo a Hmong pa kalembera wa 2019 analipo pafupifupi 1.4 miliyoni. Mahotela ndi makampani a maulendo ambiri ali m'manja mwa a Kinh, pomwe mapiri amene alendo amabwerera ndi kwawo kwa a Hmong ndi a Dao. Musaiwale zimenezi, tibwererako.

Titangotuluka m'tauni kulowera ku chigwa cha Muong Hoa tinaona azimayi ena anayi atiphatikira. Sanapemphe, sananene kanthu, anangoyamba kuyenda nafe, mmodzi pambali pa mlendo aliyense. Mafunso ake omwewo, dzina lako ndani, wachokera kuti, uli ndi ana angati, uli ndi zaka zingati. Ine ndinali nditawerenga kale za iwowa kuti mapeto ake amakugulitsa zinthu, ndiye ndinadzikonzekeretsa, nkhope yolimba, mayankho aafupi, ndikuti ine sandidyera.

Kulimba kwangako kunatha pa mtsetse woyamba kupita ku mudzi wa Y Linh Ho. Kunali kutagwa mvula usiku, kumayambiriro kwa Seputembala, ndipo kanjira kake ndi dongo lofiira lomwe njati zapondaponda, poterera ngati sopo. Ndinagwa kamodzi, chagada, ndisanadzuke n'komwe dzanja linali litandigwira kale pamkono. Anali agogo, ndithu agogo a zidzukulu, mutu wawo sumafika paphewa langa, koma mphamvu ya dzanja limenelo eee. Amaponda kaye iwo, kukumba kadzenje ndi chidendene cha jombo, n'kundilozera kuti ponda apa. Maola atatu tikuyenda chonchi. Pa mizere ya pakati pa minda, yopyapyala moti phazi limodzi lokha ndi lomwe limakwana, mbali iyi madzi mbali inayo phompho la mamita awiri, iwo amayenda m'madzimo kuti ine ndiyende pouma.

M'pamene ndinaona manja awo bwinobwino. A buluu mpaka m'zikhadabo, utoto wa indigo womwe amaupanga poviika masamba m'migolo masiku angapo n'kuthiramo laimu. Ndipo pamene njira yawongoka dzanja lawo silimakhala chabe, amatulutsa timaluzi m'chiuno n'kumalumikiza, kupota ndi zala, kukulunga kudzanja, akuyenda, akucheza, osayang'anako n'komwe. Maluziwo ndi a hemp, chomera chija chofanana ndi chamba, kungoti iwo amachilimira nsalu. Amasenda makungwa, kuwang'amba timizere, kulumikiza, kuwiritsa ndi phulusa kuti ayere, kuluka, kenako kunyika mu indigo kambirimbiri mpaka mtundu ugwire. Zojambula amalemba ndi phula la njuchi losungunula nsalu isananyikidwe, pomwe pali phula utoto sulowa. Chovala chimodzi chimadya miyezi.

Tinafika m'mudzi wa Lao Chai nthawi ya nkhomaliro, ndipo monga ndinawerengera muja, madengu anatsitsidwa, kutuluka tizikwama, mipango, zibangili. Agogo aja anandiyang'ana n'kunena mawu ochepa a Chingerezi omwe amawadziwa, gula kwa ine. Apa mtima wanga unawawa pang'ono, ndikuti kani chikondi chonse chija chinali bizinesi? Ndinagula kachikwama ka 150,000 dong, ndalama za kumeneko, mwina madola 6, ndikung'ung'udza, ndinanenerera mpaka. Masana tikukwera mtunda ndinawadandaulira Mama. Anandiyankha osaima n'komwe. Akuti inu mwagwa kangati chikugwirireni agogo aja? Ndinati sindinagwenso. Akuti nanga ku hotela kuja amene anakunyamulirani chikwama masitepe khumi munamupatsa zingati? Ndinangoti zii. Agogo aja anali atadzuka m'bandakucha, kukwera wapansi kupita ku tauni, kudikira alendo, kutsika nane maola atatu, ndipo palibe kampani yomwe imawalipira ngakhale dong imodzi. Malipiro awo ndi kachikwama kaja, kamenenso ine ndinakanenerera.

Sindikunena kuti dongosolo limeneli ndi labwino. Silabwino, limatopetsa mlendo ndipo limatsitsa ulemu wa azimayiwo, pena amazungulira munthu mmodzi asanu ndi awiri. Ngati simukufuna kugula nenani pachiyambi pomwe, momveka, musalole munthu akugwireni dzanja mtunda wonse kenako muzikwiya. Ana okha ogulitsa tizibangili Mama anatiletsa kuwagula, akuti mwana akabwera ndi ndalama mawa samutumizanso kusukulu.

Usiku woyamba tinagona kwa Mama komweko, pamtunda pa Ta Van. Kumunsi m'mudzimo, komwe kuli anthu ambiri a mtundu wa Giay, kuli malo olembedwa homestay, ndiko kuti kugona pakhomo pa eni mudzi, omwe kunena zoona ndi timahotela, Wi-Fi, mapitsa, nyimbo. Kwa Mama kunali kwina. Nyumba yamatabwa yokhala pansi, osati pa mizati ngati za mitundu ina ya kuchigwa, mazenera ochepa, moto pakati, chimanga chitapachikidwa kudenga chikudetsedwa ndi utsi. Tisanalowe anatiuza malamulo, osatsamira mzati wapakati, osakhudza pamalo pa mizimu pakhoma loyang'anizana ndi khomo, ndipo ukaona masamba aawisi atapachikidwa pakhomo la nyumba iliyonse usalowe, muli mwambo kapena wodwala. Tinakulunga nawo ma nem, tokazinga tokhala ngati masamosa aatali, tinadya mpunga, tofu (chakudya cha soya) ya tomato, nkhumba yokazinga ndi mphukira za nsungwi, ine ndikulimbana ndi timitengo todyera ana akundiseka mosabisa. Kenako bambo a panyumbapo anatulutsa botolo la pulasitiki la kachasu wa mpunga, alendo amamutcha happy water, timakapu tating'ono koma sitiuma, ukamaliza athiranso. Ndinaphunzira mawu amodzi okha achi Hmong, ua tsaug, zikomo, ndipo katchulidwe kanga kanawaseketsa kuposa timitengo tija.

Chomwe sindinkadziwa n'chakuti minda yokongola ija imabereka kamodzi kokha pachaka, chifukwa kumtunda kumazizira. Amaoka cha mu Meyi ndi Juni, kukolola Seputembala, basi. Mpunga umenewo ndi wakudya pakhomo, ndipo banja likakula minda n'kugawidwa kwa ana aamuna sukwana chaka. Ndalama zimachokera kwina, ena ali ndi cardamom, chokometsera zakudya, m'nkhalango za kumtunda, ena ndi alendo ngati ife. Masitepewo anawasema ndi makasu mibadwomibadwo, madzi amachokera pamwamba kudzera m'ngalande ndi mipope ya nsungwi, kudzaza munda uwu n'kusefukira wotsatira mpaka kumtsinje. Tinagona pamwamba pa denga lamkati, matiresi pansi, neti, bulangete lolemera ngati munthu. Tambala anayamba 4 koloko ndipo nkhumba zinavomera.

Tsiku lachiwiri tinabwerera ku tauni pa njinga zamoto n'kuyamba ulendo wina mbali inayo, kudutsa Ma Tra mpaka Ta Phin, kwa a Dao, ena amalemba Dzao chifukwa D wa chi Vietnam cha kumpoto amamveka ngati Z. Njira iyi inali ya phee, alendo ochepa, tinadutsa mabwinja a nyumba ya masisitere ya nthawi ya Afalansa, makoma okhaokha atamera ndere. Azimayi a Red Dao simungawasokoneze ndi ena, duku lofiira lalikulu, ambiri okwatiwa amameta nsidze ndi tsitsi la pamphumi, ndipo zopeta zawo ndi timitanda tating'onoting'ono tomwe amasoka powerenga ulusi wa nsaluyo. Agogo aamuna a pomwe tinagona anationetsa buku lakale la pepala lofewa lolembedwa ndi zilembo zochokera ku Chitchaina koma amaliwerenga m'chi Dao, lomwe amagwiritsa ntchito pa miyambo monga cap sac, womwe mwamuna ayenera kudutsamo kuti aziwerengedwa ngati wamkulu pamaso pa makolo. Sanatilole kuligwira, ndipo ndinaona kuti n'zoyenera.

Koma bafa abale. Masamba, makungwa ndi mizu ya m'nkhalango, mitundu yambirimbiri, amaziwiritsa maola mu chimphika chachikulu, madzi ake ofiirira ngati tiyi wopanda mkaka, n'kuthira mu mgolo wathabwa woti umakhalamo mawondo ali pachibwano. Pachikhalidwe chawo amasambitsa mayi amene wangobereka kumene kuti mphamvu zibwerere, ndi anthu otopa ndi ntchito ya m'phiri. Anandichenjeza kuti ndisapitirire mphindi 20. Ine wanzeru ndinakhalamo theka la ola, potuluka mutu unazungulira ngati ndabwereza kachasu wa dzulo, ndinakhala pa benchi thukuta lili kamukamu mayi a panyumbapo akupukusa mutu. Koma miyendo yomwe imanjenjemera masana onse inali itasiya, ndinagona tulo tofa nato.

Tibwerere ku ndalama kuja. Ulendo wanga ndinalipira ku kampani ina ku Hanoi, sinditchula dzina, ndipo nditamva gawo lomwe limafika kwa Mama ndi kwa eni nyumba ndinachita manyazi, linali laling'ono kwambiri pa zomwe ndinapereka. Otsogolera ambiri pano ali ndi WhatsApp ndi Facebook, aliponso magulu oyendetsedwa ndi a Hmong eni ake, ndiye ndikanadziwa ndikanapangana nawo mwachindunji. Funsaninso kuti mukagona kunyumba ya ndani kwenikweni. Za nyengo, Seputembala mpunga umakhala wachikasu koma mvula imakhala isanathe, ndipo si yamasewera, mu Seputembala 2024 namondwe Yagi anagumula mapiri m'chigawo cha Lao Cai midzi ina n'kukwiririka. Otsogolera akati lero njira iyi ayi, musatsutse. Disembala ndi Januwale kumazizira koopsa, zaka zina mpaka sinowo, minda imakhala mbee.

M'mawa wa tsiku lomaliza mayi a ku Ta Phin anayang'ana nsapato zanga, anayang'ana ine, n'kulowa m'nyumba kukatenga majombo a amuna awo kuti ndifikire nawo pamsewu pomwe galimoto imadikira, mwana wawo anandiperekeza kuti abwerere nawo. Ndinakwera sitima ya ku Hanoi nditavala masilipasi. Kachikwama ka agogo aja ndinakakoleka paphewa ulendo wonse, kunja kukutentha, ndipo nditafika ndinapeza kasiya mzere wa buluu pa shati yanga yoyera kuchokera paphewa mpaka m'chiuno. Ndachapa katatu, sukuchoka.