Filimu ya chidole yationongekera chifukwa cha makina oziziritsira

Lolemba ndi Lachiwiri inali ntchito ya nthawi zonse: kutsegula zitini za mafilimu akale amene timasunga, kununkhiza, kuyeza kufota kwa filimu, kumata mabowo ong'ambika a m'mbali. Lachitatu ndi limene latipweteka.

Makina oziziritsira chipinda cha mafilimu a nitrate (pulasitiki yakale yopangira mafilimu, yosachedwa kuyaka) akhala akufa milungu itatu. Tinalemba kalata kawiri, akuluakulu n'kumangoti tidikire bajeti. Nitrate akakhala pofunda ndi pachinyezi amayamba chikasu, kenako kumata ngati uchi, kutuluka thovu, pomaliza n'kusanduka ufa wofiirira. Mpweya umene amatulutsa m'chitini chotseka umafulumizitsa kuolako, ndipo akayaka moto sazima ngakhale m'madzi.

M'chitini china munali filimu yopanda mawu ya 35mm, mamita 60, ya katswiri wolankhulitsa chidole atachikhazika pabondo, mmene Fred Russell ankachitira ndi chidole chake Coster Joe ku London cha m'ma 1896. Inali itayamba kale chikasu. Lachitatulo tapeza mamita 9 atamatana osamasulika, ndipo tawadula kuti asaoletse otsalawo. Odulidwawo ndi mafelemu (tizithunzi ta mufilimu) oposa 470, pafupifupi masekondi 30.

Chowawa n'chakuti pokhapo ndi pamene katswiriyo amatembenuza chidolecho n'kuonetsa bowo la kumsana. Mawu ake mufilimuyi mulibemo n'kale, choncho chuma chake chinali kapangidweko: ndodo yotsika kuchokera kumutu, kachitsulo kokanikiza ndi chala chachikulu, chingwe chokoka chibwano, ndi sipuling'i yotsekanso kamwa. Chatsala ndi kapepala ka kaundula kofotokoza zimenezi m'mizere iwiri.

Mamita 51 otsalawo afota ndi 1.8 peresenti, ndiye pa makina okoka filimu ndi mano olowa m'mabowo a m'mbali sangadutse osang'ambika. Lachinayi tawadutsitsa pang'onopang'ono pa sikana yopanda mano. Apanso panabuka mkangano, poti ofesi imafuna mafelemu 24 pa sekondi kuti zisavute poika pa intaneti. Kamera za nthawi imeneyo ankapukusa ndi dzanja, kawirikawiri mafelemu 16 mpaka 18. Pa 24 chibwano cha chidole chimangonjenjemera, ndipo suona kuti chikutseguka pa silabo iliyonse pamene milomo ya mwini wake ili phee. Takana, tasiya pa 16.

Lachisanu tasamutsira zitini 40 m'chipinda china chozizira, chodzaza kale. Wokonza makina akuti abwera sabata yamawa.