Sabata ya wosula zitsulo

Lolemba ndinagawa mbali za sewero lomwe gulu lathu la zisudzo likukonzekera kudzachita potseka teremu. Mnyamata wina wa Fomu 3, waluso ndithu, ndinamupatsa mbali ya mlonda, ya ziganizo zisanu ndi chimodzi basi. Anandidikira pakhomo la holo nkhope ili ndwii. "Aphunzitsi, ndiye kuti mwanditaya," anatero. Ndinangomuuza kuti Lachitatu asajombe.

Lachiwiri lonse linathera pofunafuna pulojekita ndi chingwe chake.

Lachitatu madzulo tinatchinga mawindo ndi zitenje n'kuonera filimu ya ku Sweden ya 1957, Det sjunde inseglet, yomwe ambiri amaidziwa kuti The Seventh Seal. Anaikonza ndi Ingmar Bergman. Anthu amaikumbukira chifukwa cha Max von Sydow, msilikali yemwe akusewera chesi ndi Imfa m'mphepete mwa nyanja pa nthawi ya mliri. Ine ndinauza ana kuti maso awo akhale pa munthu wina, wojintcha uja: Plog, wosula zitsulo, yemwe mkazi wake Lisa wathawa ndi wochita zisudzo.

Amene anasewera mbaliyi ndi Åke Fridell, wobadwira ku Gävle mu 1919, yemwe anamwalira mu 1985. Bergman ankamuitana mobwerezabwereza pa mbali zothandizira. Mu 1953 anali bambo wachidakwa wa Monika mu Sommaren med Monika. Mu 1955 anali Frid, wosamalira akavalo mu Sommarnattens leende, wantchito yemwe amafotokozera mtsikana Petra za kumwetulira katatu kwa usiku wa chilimwe, mabwana awo ali kalikiliki kuzunzika ndi chikondi. Mu 1958 anali Tubal mu Ansiktet, wamalonda wapakamwa potsekemera.

Koma ine mtima wanga uli pa Plog. Timamuona m'nyumba yomwera mowa, iye ndi anthu ena akuzunza Jof, wochita zisudzo wina wosalakwa, mpaka kumuvinitsa patebulo ngati chimbalangondo. Unganene kuti ndi chilombo. Patangopita kanthawi, yemweyo wakhala pansi akulira ngati mwana chifukwa cha mkazi wake. Fridell sasintha munthuyo pakati pa zigawo ziwirizi. Ukali ndi misozi zikutuluka pachilonda chimodzi. Ndinaimitsa filimu n'kubwereza gawoli katatu. Ndinati, taonani mapewa ake mmene agwera, taonani manja akuluakulu aja akusowa pogwira.

Kumapeto Imfa ikafika m'nyumba ya msilikali, Plog amadzidziwitsa mwaulemu kuti ntchito yake ndi yosula, n'kuuza mkazi wake kuti apereke ulemu kwa mlendoyo. Holo yonse inali zii. Mtsikana wina anati amukumbutsa amalume ake akamalonjera amfumu, chipewa chili m'manja. Ndemanga imeneyi inandikhudza kuposa zonse zomwe ndinakonza kuti ndinene, chifukwa ndi zimenezo ndithu: munthu wamba akulandira mlendo wamkulu mmene anaphunzitsidwira kwawo, ngakhale mlendoyo wabwera kudzamutenga.

Lachinayi kunali msonkhano wa aphunzitsi, sitinakumane.

Lachisanu poyeserera, mnyamata uja anafika msanga. Anabwera ndi chikhothi chakale cha agogo ake ndi tochi yopanda mabatire. Anandifunsa kuti, "Aphunzitsi, kodi mlondayu anagona usiku wathawu? Nanga malipiro ake analandira?" M'sewero lathu simunalembedwe zimenezo. Ndinamuuza kuti asankhe yekha. Anasankha kuti mlondayo sanalandire kwa miyezi iwiri, komabe bwana akafika amaimirira njo, n'kugwedeza tochi yosayakayo kuti aoneke kuti ali maso.

Tinayamba gawo lake. Atatsegula geti lathu la makatoni n'kunena kuti "Takulandirani, bwana," mnzake wosewera bwanayo anaiwala mawu ake, anangoima n'kumamuyang'ana. Tinayambiranso, ndipo ndinauza wosewera bwanayo kuti kuima kumeneko akusunge, tidzakugwiritsa ntchito pa tsiku la sewero.