Dziko la Kuseri: pamene ndafika mwezi uno

Mwezi uno ndamaliza kukonza malamulo ambiri a Dziko la Kuseri, dziko lopeka limene ndikulimanga m'kope langa madzulo ndikaweruka kuntchito. M'dziko limeneli nthano ikakambidwa imasintha zinthu zenizeni, moti mtsinje umakhota, phiri limasendera, ndipo munthu amene anagona ali wosauka amatha kudzuka khola lili lodzaza ng'ombe. Mutu woyamba wa nkhani ya dzikoli ndinautsiriza, wachiwiri uli pakati, koma mapu akadali a pensulo chifukwa ndikuwafufutafufuta.

Mapuwo ndawayala pamwamba pa Lilongwe yemweyu. Khomo lolowera ndaliika ku Kaphirintiwa, m'mapiri a Dzalanyama, kumene makolo a Achewa amati mwamuna ndi mkazi oyamba anatsikira pamodzi ndi nyama, n'kusiya mapazi awo pathanthwe lisanaume. Popeza mtsinje wa Lilongwe umachokera ku Dzalanyama komweko, n'kudutsa ku Malingunde kumene kuli madamu a Kamuzu usanalowe mumzinda, ndaupatsa ntchito yonyamula nthano. Zimene zakambidwa kumtunda usiku zimayamba kuoneka m'midzi ya m'mbali mwa mtsinje, ndipo mtauni zimafika mochedwa, anthu a kumudzi atazizolowera kale. Zimenezi ndazichita dala, chifukwa mzindawu unakhala likulu mu 1975 pamene midziyo inali itakamba nthano kwa mibadwomibadwo.

Chimene chinandisowetsa tulo ndi funso lakuti, ngati aliyense angathe kusintha dziko ndi pakamwa pake, nanga nkhani yanga ikoma bwanji? Wanjala angonena za nkhokwe yodzaza, nkhani n'kuthera pomwepo. Yankho ndalitenga pa kakambidwe ka nthano kwathu kuno. Wokamba akati “Padangokhala,” sapitiriza kufikira omvera atavomera kuti “Tili tonse,” ndipo amavomerabe chimodzimodzi nthano yonse. Ku Kuseri mphamvu ili m'kuvomerako. Nthano yokambidwa pawekha sisuntha ngakhale kamwala, ndipo omvera akangokhala chete pakatikati, zimene zinayamba kusintha zimaima pomwepo zili zosatha. N'chifukwa chake pamapu anga pali mlatho wothera pakati pa madzi ndi mudzi wa nyumba zopanda makomo, zotsalira za nthano zimene anthu anatopa nazo. Nthano imagwiranso ntchito usiku wokha, monga akuluakulu ankaletsera kukamba nthano masana.

Mutu wachiwiri ukuyesa lamulo limeneli pa milatho ya mitengo ija ya pamtsinje wa Lilongwe, pafupi ndi msika wa Tsoka, imene munthu amalipira kuti awoloke. Mnyamata wina wonyamula katundu wa anthu pamsika watopa ndi kulipira, ndipo usiku wina asonkhanitsa anzake pamoto wa makatoni n'kuyamba nthano ya mtsinje umene unaphwa kuti osauka awoloke ulere. Anzake avomera mwamphamvu, madzi ayamba kutsika, miyala ya pansi iyamba kuonekera. Koma pagululo pali mayi wogulitsa masamba amene dimba lake limamwa mtsinje womwewo, ndipo iye atseka pakamwa. Wina amuona, nayenso akhala chete. Ndime imeneyi ndiyo ndaikonda kuposa zonse, chifukwa palibe mfiti kapena chilombo, pali anthu awiri osauka amene zofuna zawo zagundana, ndipo mtsinje watsala wofika m'mawondo, wosawolokeka bwino komanso wosakwanira kuthirira.

Nditawawerengera adzukulu anga ku Kawale, wamng'ono anafunsa chifukwa chimene anthu a ku Kuseri sakambira nthano youkitsa akufa. Funso limeneli landitengera ku nkhani ya bilimankhwe ndi buluzi. Chauta anatuma bilimankhwe kukauza anthu kuti akafa adzauka, koma buluzi anathamanga n'kukafika poyamba ndi uthenga wakuti akafa afiratu, ndipo uthenga woyamba kufikawo ndi umene unakhazikika. Ndalemba tsono kuti ku Kuseri nthano imene yavomeredwa mpaka kumapeto singafafanizidwe ndi ina. Wobwera pambuyo angathe kuwonjezerapo kapena kuilambalala, koma kuichotsa ayi. Lamuloli landithandiza kwambiri, pakuti tsopano anthu a m'nkhani yanga ayenera kuchenjera ngati kalulu, kufunafuna mpata umene wokamba woyamba anausiya.

Za chimene wokamba azilipira pa matsengawo sindinagamulebe. Maganizo amene ndikuwakonda ndi akuti wokamba aziiwala nthano iliyonse imene yasanduka zenizeni, kotero kuti agogo odziwa nthano zambiri ndiwo olemera a dzikolo, ndipo amaziumira. Napolo ndamusiya pambali. Ambiri amamukumbuka pa madzi osefukira a ku Phalombe mu 1991, amene anapha anthu ambiri, ndipo sindikuona kuti n'koyenera kumusandutsa chidole cha m'nkhani yosangalatsa.

Mwezi wa mawa ndikufuna kutsiriza mutu wachiwiri, kulemba mapu ndi inki kuyambira ku Dzalanyama kufikira pamene Lingadzi amathira mu Lilongwe, ndiponso kusankha ngati mayi wa masamba uja adzakambe nthano yakeyake m'mutu wachitatu kapena adikire kaye.