Sabata yachisanu, burashi yayamba kundimvera

Thabwa la skateboard limene ndinatola ku Muizenberg, ku Cape Town, lothyoka kumchira, tsopano layera. Penti yakale ndaipala yonse ndi sandipepala, ndipo m'mphepete mukuoneka bwino timagawo 7 ta mtengo wa maple tomatidwa pamodzi. Fumbi lake linandikhosomoletsa masiku awiri.

Ndikuphunzirabe kujambula pokopera chithunzi cha dzanja lokuwa la Jim Phillips, wojambula wa ku America, limene analijambulira kampani ya ma skateboard ya Santa Cruz mu 1985: dzanja la buluu loduka pamkono, pachikhatho pali kamwa yoyasama, lilime lili panja. Sindikukopera kuti ndigulitse ayi. Ndikufuna kumvetsa mzere wake basi.

Masabata anayi onse ndimagwiritsa ntchito maka (cholembera cha inki), ndipo dzanja lomwe ndimajambula limatuluka ngati golovesi yotsukira mbale. Lachiwiri ndinakhala pansi n'kuyang'anitsitsa chithunzi chake, ndipo ndinaona kuti palibe mzere umene uli wofanana kuchokera poyambira mpaka pothera. Umayamba wowonda ngati tsitsi, n'kunenepa pokhota chala, kenako n'kuwondanso. Timizere ta mthunzi pamfundo za zala timathera kosongoka ngati minga. Maka sangathe zimenezo. Ndinagula burashi yaing'ono ndi inki yakuda, n'kudzaza mapepala 12 ndi mizere yokhayokha, kutsindika ndi kupepuza, mpaka mkono unachita dzanzi. Pa pepala lachisanu ndi chinayi ndi pomwe chala chimodzi chinaoneka ngati chili ndi fupa m'kati.

Mzere umenewu unakulira kunyanja. Chojambula choyamba cha Phillips chinatuluka m'magazini ya Surfer, ya masewera okwera mafunde a panyanja, mu 1962, momwenso wojambula wina, Rick Griffin, ankajambulamo kamnyamata kake ka m'makatuni, Murphy, asanapite ku San Francisco kukapanga mapositala a oimba monga Grateful Dead ndi Jimi Hendrix. Zilembo za Griffin zopindikapindikazo ndiziyesa chaka chamawa, panopa zingandipweteke mutu.

Cholakwa cha sabata ino ndi changa ndekha. Pa kathabwa koyeserera ndinayamba ndi wakuda, kenako buluu, ndipo buluuyo anadya mizere yonse. Osindikiza ndi sikirini amayamba ndi mitundu yowala, wakuda n'kubwera pomaliza kudzaphimba m'malire. Ndimadziwa, koma phuma.

Loweruka ndipaka woyera pathabwa lenileni, kawiri. Lilime sindinaganizebe, kaya lofiira kaya lapinki.